Kauthenga ka ku Laibulale ya Magemu

Foni inanjenjemera pa benchi, ndipo a Siponji anaponya lumo pansi ngati lawaluma. Zala zawo zinali guluu yekhayekha, koma anaitola choncho, n'kuikanda ndi chala chaching'ono chimene chinapulumuka. Atawerenga, nkhope inagwa. Eti gemu ina ya ankhondo yatsika mtengo. Anafunsa ndani? Anaibweza pa benchi n'kutola lumo lija, koma asanamalize kudula mzere umodzi wa nsalu, foni inanjenjemeranso. Ulendo uno inkawauza kuti magemu atatu a m'laibulale yawo akufunika kuwonjezeredwa zatsopano.

"Awonjezereni nokha," anatero a Siponji. "Ine ndili ndi sofa ya eni ake pano."

Dzina limeneli anawapatsa ndi anthu a mumsewu wawo, chifukwa zaka zonse zimene akhala akukonza mipando, m'tsitsi mwawo simusowa tizidutswa ta siponji. Anali bambo wa imvi, wa magalasi omanga ndi ulusi mbali imodzi, wosadziwa n'komwe kusiyana kwa gemu ya mpira ndi ya nkhonya. Ndiye munthu wotere laibulale ya magemu anaitenga kuti? Anaitenga kwa mwana. Mnyamata wawo wotsiriza, amene pakhomo ponse ankangomutchula kuti Mzime, ali ndi zaka khumi ndi zitatu analira kuti amutsegulire akaunti ya magemu pa intaneti. Poti anali wamng'ono, akauntiyo inalembedwa m'dzina la bambo ake, ndipo magemu onse amene ankapeza ankaunjikana mmenemo. Atakula anatsegula akaunti yakeyake, koma magemuwo anatsala m'laibulale ya bambo ake, iye n'kumangobwereka kuchokera pa kompyuta yake.

Tsopano inali miyezi isanu ndi iwiri Mzime atachoka pakhomo. Nkhani yake inali ya chikopa. Kasitomala wina anabweretsa chikopa chofiira cha mpando wa mu ofesi, Mzime n'kuyeza molakwika, n'kudula. A Siponji, m'malo modikira kuti kasitomala atuluke, analavula moto pomwepo.

"Mutu wako wadzaza magemu iwe! Si iwe mwana woti munthu n'kumusiyira shopu. Choka pamaso panga!"

Mwamuna wa zaka makumi awiri ndi ziwiri kumunena choncho pamaso pa mlendo! Mzime anavula epuloni, n'kuipinda bwinobwino, n'kupita kunyumba kukatenga chikwama ndi kompyuta yake. Nambala ya foni anasintha. Anzake ankangoti sakudziwa, kaya ankabisa kaya. Mayi ake anaonda, ndipo chiyambire tsiku limenelo ankawaikira amuna awo tiyi patebulo osawayang'ana kumaso.

Patatha miyezi iwiri, Lachiwiri lina cha m'ma 12 koloko, foni ya a Siponji inaonetsa kauthenga kamene sanakaonepo: laibulale yanu ikugwiritsidwa ntchito ndi Mzime. Pansi pake panali kachithunzi ka galimoto yaikulu yonyamula katundu. Anakhala pa sofa yopanda nsalu, masipuling'i akuwabaya, osamva kanthu. Mwana ali moyo! Ali ndi magetsi, ali ndi pokhala, ndipo ngati akusewera nthawi ya nkhomaliro ndiye kuti ali pa ntchito penapake, akupuma. Zonsezi anaziwerenga m'kamzere kamodzi kameneko.

Pakona ya shopu panali kompyuta yakale imene ankaonetserapo makasitomala mitundu ya nsalu. Mzime anali ataikamo pulogalamu ya magemu kalekale. A Siponji anaiyatsa, anafufuza mpaka anapeza chithunzi cha galimoto chija, n'kudina. Nzeru zawo zinawauza kuti anthu awiri akatsegula gemu imodzi nthawi imodzi, ndiye kuti ali pa msewu umodzi. Nanga si zomveka? Ndiye anayendetsa chigalimotocho, kugunda mitengo ya magetsi, kukwera m'mbali mwa msewu, ndipo galimoto iliyonse ikamadutsa ankailizira hutala poganiza kuti mwina ndi iyeyo. Patapita mphindi zochepa, dzina la Mzime linazimiririka pakona ya sikirini.

"Wandiona," anadziuza. "Akadali wokwiya, koma wandiona."

Mawa lake kauthenga kanabweranso, iwo n'kuthamangiranso pa kompyuta. Chinasanduka chizolowezi. Kakangobwera, kaya ali pakati pokhomera nsalu, kaya kasitomala ali pakhomo, ankasiya zonse kuti mwana asayende yekha pa msewu. Tsiku lililonse lotero ankalemba kamzere ndi choko kuseri kwa chitseko. Mayi a ana sanawauze. Ankati awauza zinthu zikapsa, mwana akayamba kuyankha hutala. Komanso, tinene zoona, ankafuna kuti chinthu chimodzi ichi chikhale chawochawo, poti m'nyumba monse mlandu unali pa iwo.

Ndiye pano masiku asanu ndi limodzi anali atadutsa kauthengako osabwera. Mtima wa a Siponji unali m'mwamba. Foni ankadya nayo, kusamba nayo pafupi, ndipo inkanjenjemera kosalekeza ndi zinthu zopanda pake: gemu yatsopano yatuluka, mnzanu wakuti wapambana chikho, bwerani muvotere gemu ya chaka. Nthawi iliyonse ankalumpha, nthawi iliyonse ankagwa ulesi. Mpando wa dokotala wina anaukhomera nsalu chadodolido, maluwa kuyang'ana pansi, mpaka anachita kuzula mastepulo onse ndi pulayazi.

Mayi a ana ndi amene anatopa poyamba.

"Foni yanuyi ili ndi ziwanda kapena muli ndi chibwenzi?" anafunsa m'mawa wina, kapu ya tiyi ikuvina patebulo chifukwa cha kunjenjemerako. "Ndamuuza mwana wanu wamkazi abwere ku shopu adzaitontholetse. Ine mutu ukundipweteka."

Mwana wawo woyamba, namwino wa pa chipatala cha mano, anafika masana a Loweruka atanyamula kompyuta yake ya m'chikwama. Anasuntha zidutswa za siponji pa benchi n'kukhala, n'kutambasula dzanja.

"Bweretsani foniyo, adadi."

"Ili bwinobwino."

"Amayi akuti simukugona, simukudya. Bweretsani."

Anaipereka ngati akupereka dzino loti lizulidwe. Namwinoyo anatsegula pulogalamu ya magemu, n'kulowa pamene pali mndandanda wa zidziwitso, kenako anaseka.

"Koma abale! Zonsezi n'zoyatsa? Onani, chilichonse chili ndi batani lake. Ili ndi la malonda, akuuzeni gemu ikatsika mtengo. Mukufuna?"

"Zimitsa."

"Ili ndi la zowonjezera, gemu ikafuna kukonzedwa. Kompyuta imachita yokha zimenezo, palibe chifukwa chokudzutsirani. Ndazimitsa. Ili ndi la anzanu akalowa. Muli ndi anzanu inu mmenemu?"

"Ndi anzake a mlongo wako akale. Zimitsa."

"Ili ndi la laibulale, munthu wina akabwereka magemu anu. Ndazi..."

"Iyayi! Limenelo usakhudze!"

Anakuwa mwamphamvu moti wometa tsitsi wa shopu yoyandikana nayo anasuzumira pakhomo, n'kubwerera. Namwinoyo anawayang'ana bambo ake, chala chili m'malere. Anayang'ananso pa foni, n'kutsegula mbiri ya zidziwitso zakale, ndipo dzina la mlongo wake linatsika pa sikirini mzere ndi mzere, miyezi isanu yathunthu.

"Adadi. Mwakhala mukudziwa nthawi yonseyi?"

A Siponji anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta ndi epuloni yakuda kuposa magalasiwo. Kenako mawu anatuluka okha. Anafotokoza zonse, za Lachiwiri loyamba lija, za chigalimoto, za hutala. Anatseka chitseko n'kumuonetsa timizere ta choko, makumi anayi ndi itatu. Pofotokozapo nkhope yawo inawala pang'ono, poti kanali koyamba kuuza munthu.

"Ndimayenda naye," anatero. "Sandiyankha, koma ndimayenda naye. Kungoti sachedwa kuchoka."

Namwinoyo sanaseke ulendo uno.

"Mukuti kauthenga kakabwera, inu mumatsegula gemu pa kompyuta iyi?"

"Pompopompo. Sindichedwa ngakhale mphindi imodzi."

"Tsiku lililonse?"

"Nanga ndimusiye yekha?"

Mwanayo anagwira pakamwa. Anatulutsa kompyuta yake m'chikwama n'kuitsegula pa benchi. Ananena kuti nayenso dzina lake likadali pa mndandanda wa obwereka kuyambira kale, pamene ankasewera kagemu kolima dimba ali ku sukulu ya unamwino. Anatsegula kagemuko, ndipo foni ya a Siponji inanjenjemera kuwauza kuti laibulale ikugwiritsidwa ntchito.

"Tsopano pitani mukachite zimene mumachita zija."

Anapita pakona, anadina chigalimoto chawo, injini n'kulira.

"Bwerani muone kuno."

Pa sikirini ya namwino, pamwamba pa dimba la kabichi, panali bokosi lofiira. A Siponji anawerama, koma maso anakana, ndiye mwana wawo anawawerengera pang'onopang'ono.

"Akuti mwini wake akuifuna laibulale. Mwatsala ndi mphindi zisanu kuti mutuluke."

Pansi pa mawuwo manambala ankatsika okha.

"Laibulale imeneyi salowamo anthu awiri nthawi imodzi, adadi. Mwini wake akalowa, wobwereka amachotsedwa. Ndipo gemu yanuyo aliyense amayenda pa msewu wakewake. Magalimoto amene mumawalizira hutala aja mulibe munthu."

A Siponji anayang'anitsitsa manambalawo. Anaimirira pomwepo mpaka manambala anafika pa ziro, dimba la kabichi n'kuzima. Mu shopu munangotsala phokoso la injini ya chigalimoto pakona paja. Anatembenuka n'kuyang'ana kuseri kwa chitseko.

"Ndiye kuti zonsezo..."

"Eya."

"Mwana wanga akangokhala pansi kuti apume, ine n'kumuuza kuti tuluka?"

"Simunkadziwa."

"Iye akudziwa kuti sindinkadziwa?"

A Siponji anakhala pansi penipeni, pa simenti, pakati pa mastepulo ozulidwa. Chisoni chimene chinawagwira chinali choposa cha tsiku la chikopa, chifukwa tsiku lija anali atapsa mtima, pamene maulendo ena onsewa ankathamanga ndi chimwemwe. Anamuthamangitsa kamodzi ndi pakamwa, kenako kokwana makumi anayi ndi katatu ndi chala. Ndipo mwanayo ankabwerabe! Mpaka sabata ino, pamene watopa.

"Mulembere," anatero a Siponji. "Pali polembera mmenemo? Muuze kuti bambo ako ndi mbuli."

Namwinoyo anafufuza, n'kupukusa mutu. Mzime anali atatseka kuti akaunti ya bambo ake isamulembere. Ya mlongo wake anaitsekanso. Iye yekha ndi amene akanatha kutsegula.

"Ndiye nditani?"

"Palibe. Kakadzabwera kauthengako, musadzakhudze kompyuta. Basi."

"Basi?"

"Basi. Ndipo amayi mukawauze lero, apo ayi ndikawauza ndine."

Asanachoke, anazimitsa zidziwitso zonse n'kusiya ziwiri zokha: cha laibulale ndi cha mauthenga ochokera kwa anthu.

Madzulo amenewo kunyumba kunali moto. Mayi a ana anamvetsera nkhani yonse ataimirira pakhomo la khitchini, nsalu yopukutira mbale ili m'manja.

"Miyezi isanu," anatero. "Ine ndikupita ku zipatala kukafunsa ngati kwabwera mtembo wa mnyamata, inu mukudziwa kuti ali moyo? Mukuimba hutala?"

"Ndimati ndikuuzeni zikayenda bwino."

"Mumati! Inu zonse mumangoti mumati. Chikopa mumati mukumuphunzitsa. Mwana ndinabereka ine, bambo inu, simunamupeze pa kompyuta."

Koma Lolemba, 12 koloko isanakwane, mayiwo anatulukira pa shopu atanyamula zoluka zawo, n'kukhala pa mpando wa kasitomala pafupi ndi benchi. Sanapereke moni. Anangoloza foni kuti iikidwe pakati, pamene onse awiri angaione.

Tsopano foni inali chete, ndipo bata lakelo linali lowawa kuposa phokoso lija. Kale ikanjenjemera, munthu ankakhala ndi kamphindi koyembekezera asanakhumudwe. Pano inangogona pa benchi ngati njerwa. A Siponji ankaitola kuona ngati yazima, n'kupeza batire lili lodzaza. Ankatuluka panja kuona ngati intaneti ikugwira bwino kumeneko, n'kubwerera. Anaimbira namwino kawiri kumufunsa ngati sanazimitse batani lolakwika, mpaka mwanayo anati, "Adadi, ndili ndi munthu wotsegula pakamwa pano."

Lolemba linadutsa. Lachiwiri linadutsa. Lachitatu a Siponji anadzikhoma stepulo pa chala chachikulu, magazi n'kudontha pa nsalu yoyera ya mpando wa ukwati. Mayi a ana anawamanga chalacho ndi kansalu, anamanga mothina kuposa mmene zimafunikira. Ikakwana 2 koloko ankapinda zoluka zawo n'kumapita.

"Mwina sabweranso," anatero a Siponji Lachinayi, akuyang'ana pansi. "Akhoza kudzichotsa pa mndandanda. Mlongo wake akuti zimatheka, amangodina kamodzi."

"Mukanakhala inu mukanabwera?" anafunsa mayiwo.

Lachisanu kunatentha. A Siponji anali atagwada kuseri kwa sofa yaikulu ya anthu atatu, akukoka nsalu ndi dzanja limodzi, mfuti ya mastepulo ili m'dzanja linalo, pamene benchi inalira. Anadzuka mofulumira moti anagunda mutu pa shelefu. Mayi a ana anali atafika kale pa foni.

"Ndi iyeyo," ananong'ona. "Dzina lake ili."

Miyendo ya a Siponji inayamba yokha kulowera pakona. Anaponda kawiri asanazindikire. Mayiwo anawagwira epuloni kumbuyo.

"Khalani pansi."

"Sindimati ndiyatse. Ndimangofuna..."

"Khalani pansi, bambo inu!"

Anakhala pa sofa yosamalizidwa ija, manja atawapanikiza pakati pa mawondo. Thukuta linali kamukamu. Palibe ntchito imene inawavutapo ngati imeneyi, yongokhala osachita kanthu mwana ali pafupi chonchi. Ankaona ngati akumunyalanyaza, ngati wagogoda pakhomo iwo n'kukhala chete m'nyumba. Wotchi ya pakhoma inayenda mphindi zisanu. Dzina la Mzime linali pomwepo, ndi kadontho kobiriwira pambali pake. Mphindi khumi, lilipobe. Kasitomala wina anabwera kudzafunsa za mipando yake ya patebulo, mayi a ana n'kumuuza kuti abwere mawa, bambo sakumva bwino. Silinali bodza.

Mphindi makumi awiri. A Siponji anali asanaonepo dzinalo litakhala nthawi yaitali chonchi. Anayamba kuganiza za mwana wawo atakhala penapake, kaya m'kantini kaya kuseri kwa nyumba yosungira katundu, akuyendetsa galimoto yake mpaka kukafika kumene ikupita, kwa nthawi yoyamba m'miyezi isanu. Misozi inatsika m'mbali mwa mphuno, osaipukuta, poti manja ankaopa kuwamasula.

Pa mphindi makumi atatu ndi zisanu kadontho kobiriwira kanazima.

"Wapita," anatero mayi a ana. Anakhala kanthawi akuyang'anabe foniyo, kenako anayamba kukulunga ulusi wawo. "Komabe wasewera."

A Siponji anagwedeza mutu. Anadzuka, mawondo akulira, n'kutola mfuti ya mastepulo. Asanagwade, foni inalira kulira kwina, kamvekedwe kamene sanakamvepo. Mayiwo anaitola, anaiyandikitsa kumaso, anaitalikitsa, kenako anawapatsa amuna awo.

"Werengani inu. Maso anga akuchita chifunga."

Sikanali kauthenga ka laibulale. Anali mawu olembedwa ndi munthu, mizere iwiri, ndipo wolembayo sankadziwa kuti awerenga ndani. A Siponji anakonza magalasi n'kuwerenga mokweza.

"Amene muli ndi foniyi, chonde ndiuzeni. Adadi ali bwino? Lero sanandichotse."

Mayi a ana anakhala pansi, zoluka zili pachifuwa. Uthenga wina unalowa pansi pa woyambawo.

"Ndimalowa kuti ndidziwe ngati alipo."

A Siponji anayesa kudina polembera, koma chala chomangidwa chija chinkagunda zilembo zitatu nthawi imodzi. Anafufuta, anayambanso, anafufutanso.

"Yankhanitu msanga," anatero mayi a ana akulira. "Mwana akuganiza kuti mwafa."